Tsiku Limene Ndinaumitsa Nkhope

Anabwera nthawi yokolola mpunga, bambo aimvi, amagalasi. Anthu ankati ndi apulofesa, moyo wawo wonse akhala akufufuza za ubongo, alemba mabuku a mantha a makanda, mpaka kunja amawerenga. Ankafuna amayi a ana oyamwa. Ine ndinali pachitengwa, kwawo kwa amuna anga kufupi ndi Golomoti, iwowo ali ku Joni, mwana wanga asanayambe n'kukwawa komwe.

Ankatilowetsa mmodzimmodzi m'kalasi pasukulu ya m'mudzimo. Mwana anamukhazika pakampando, kamera patsogolo. Anati ndimuseketse, ndinamuseketsa. Kenako anati ndiumitse nkhope, ndizingomuyang'ana, osaseka, osalankhula, osamugwira, mpaka iwo akweze dzanja. Ankafuna aone zimene thupi la mwana limachita mayi akakhala ngati palibepo.

Mwanayo anayamba wandimwetulira. Anatambasula timanja. Kenako kulira, kulira kopinda nako msana, mabere anga akuwawa, mkaka ukudontha, diso langa lili pa dzanja lawo, dzanja silikukwera, iwo akungolemba. Ndinkaopa kuti ndikasuntha andikalipira pamaso pa anthu ophunzira. Atakweza, anamupukuta malovu ndi kathonje n'kuika m'kabotolo.

"Mwachita bwino, mayi," anatero. "Walira bwino kwambiri."

Sindinadziwe kuti alamu anga, achemwali a amuna anga, anali pawindo.

Nkhani inafika kunyumba ine ndisanafike. Apongozi anandichingamira pakhomo, anamasula mwana kumsana kwanga osandifunsa. Anati mkazi woyang'ana mwana wake akulira, maso ali gwa, n'kupereka malovu ake kwa mlendo, ameneyo wamugulitsa kale. Ndinayesa kufotokoza za ubongo, mawu osabwera, sukulu ndinalekera sitandade sikisi.

"Ubongo wake uti, alamu? Inuyo muli nawo?" anatero alamu anga, anthu n'kuseka.

Amuna anga pafoni anangoti ndimvere amayi awo. Ndinathamangira kusukulu kuja kuti apulofesa adzanene okha kuti anandituma ndi iwo, koma galimoto yawo inali italowera ku Mtakataka.

Patapita nthawi aphunzitsi ena anandiuza kuti buku la apulofesa linatuluka, akuti analembamo kuti khanda limaiwala msanga mayi akangolinyamula. Ine apongozi sanandilole kumunyamula. Anamuletsa bere, anamuyambitsa phala, ine n'kundibweza kwathu ku Mua.

Ndimapita kwa apongoziko Lamulungu pa kabaza, ndimaima kuseri kwa nkhokwe ya aneba, ndimamuona. Akuyenda tsopano. Alamu anga ndi amene amawaitana kuti amayi.