Herode wa mawu otsika

Ndevu zomata zija zinkakhala m'kachitini ka bisiketi, ndipo zinkanunkha guluu ndi fodya wakale. Mwini wake anali agogo ena aamuna a ku Jeremani omwe mayi ankawasamalira ku South Bend, ku America. Ine ndinali nditangofika kumene kuchokera kumudzi ku Ntcheu, ndipo ndikaweruka kusukulu ndinkadikira mayi pakhonde la agogowo, manja ali m'khwapa chifukwa cha chisanu, mpaka tsiku lina anandikodola kuti ndilowe.

Agogowo anali ochita mafilimu. Anayamba ntchitoyo nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itangotha, mzinda wawo udakali mabwinja. Ankati ntchito sinkasowa, chifukwa opanga mafilimu a mayiko ena ankafuna Mjeremani woti avale yunifomu n'kukhala msilikali wankhanza. Anandionetsa matepi awo. M'filimu iliyonse ankalamula, kenako n'kuphedwa: pena kuwomberedwa, pena kugwera mumtsinje. Akamagwa pa TV ankadziwombera okha m'manja, ine n'kumaseka mobisa pakamwa.

Chaka chimenecho Amalawi a ku Indianapolis anakonza sewero la Khirisimasi m'Chichewa, ndipo malume ndiwo ankatsogolera. Ana obadwira kuno ankamva Chichewa koma kuyankha m'Chingerezi, choncho mbali ya mawu ambiri, ya Mfumu Herode, inagwera ine. Sindinakane. Masiku amenewo sindinkadziwa kuti munthu wamkulu ungamukanire.

Vuto linali lakuti kusukulu ya kumudzi anatiphunzitsa kuyang'ana pansi polankhula ndi akulu. Poyeserera koyamba, Herode wanga analamula asilikali ake iye atapinda manja kumbuyo. “Mfumu yanji yopempha chilolezo?” anatero malume. “Kalipa, iwe! Ukalephera Loweruka likubwerali ndipatsa wina, ngakhale azilankhula Chingerezi.” M'galimoto pobwerera ndinangoyang'ana minda ya chimanga yokutidwa ndi chipale chofewa. Mayi anali atauza kale abale kumudzi pa foni kuti mwana wawo ndi mfumu.

Ndinawafotokozera agogo aja m'Chingerezi changa cha m'buku, iwo n'kuyankha m'Chingerezi chawo cholemera. Anandiuza kuti ndikalipe. Ndinayesa, mawu anatuluka ngati a kamwana ka mbuzi. Anaseka mpaka kutsokomola. Kenako anati wokalipa saopsa. Woopsa ndi amene amalankhula motsitsa chifukwa akudziwa kuti onse amvera. Anati ndipitirize kuyang'ana pansi monga ndinazolowera, ndidikire mpaka anthu atekeseke, ndiyeno ndikweze maso kamodzi kokha. Potsiriza anandibwereka ndevu za m'kachitini zija. Lero ndimaona kuti sanandiphunzitse chachilendo. Anangotenga manyazi anga n'kuwaveka chisoti.

Malume ataona zimenezi poyeserera anakanda kumutu, koma sanandichotse.

Tsiku la sewero, m'holo ya tchalitchi kufupi ndi Lafayette Road munkamveka fungo la mandasi ndi majekete onyowa. Ndevu zinkandiyabwa. Anzeru a kum'mawa atamaliza kulankhula, ndinakhala chete ndikuyang'ana nsapato zanga. Ndinamva mayi wina akunong'ona kuti, “Wayiwala, mwana wa eni.” Pamenepo ndinakweza maso n'kufunsa pang'onopang'ono komwe kunali khanda lomwe anzeruwo ankalifuna. M'holo monse munati zii. Kamwana kena kutsogolo kanalira, ndipo malume, omwe ankasewera msilikali, anagwetsa mkondo wawo wa katoni.

Lolemba ndinathamangira kwa agogo kukawauza zonse. Anamvetsera akugwedeza mutu, kenako anafunsa funso limodzi: sewero litatha, anthuwo anadya nane pamodzi? Ndinati inde, amayi ena anandiikira ntchafu ziwiri za nkhuku, ndipo aliyense ankandiitana kuti ndikhale pa tebulo lake.

“Zabwino,” anatero. “Zabwino kwambiri.” Ndipo anatembenukira kuzenera.

Ndinadabwa kuti munthu wa mafilimu ochuluka chonchi akufunsa za nkhuku. Ndinali mwana. Sindikanadziwa kuti kwa zaka zambiri, iwo akalowa m'malo odyera, anthu ankazindikira nkhope ya msilikali wankhanza uja n'kusunthira mipando yawo kutali.