Zakuda za Amuna Anga

Amuna anga anamwalira mu Febuluwale, m'chipatala chachikulu cha ku Romford, momwemo momwe ankagwira ntchito yokankha odwala pamachira. Tinawaika konkuno kudziko la azungu chifukwa ana athu awiri ali konkuno. Titabwerako kumanda, amayi a kutchalitchi kwathu ku Tottenham anandilowetsa kuchipinda n'kundiveka zakuda: diresi, juzi ndi duku. Amene anamanga dukulo anali alamu anga, mlongo wa malemuwo, amenenso ndi mkulu wa amayiwo. Anati zakudazo ndivale chaka chathunthu, ndipo chakacho chikadzatha amayi omwewo adzabwera kudzandivula, kundipempherera ndi kundiuza pamaso pa abale kuti ndamasuka. Wamasiye sadzivula yekha. Wodzivula yekha ndiye kuti ali ndi changu, ndipo aliyense amadziwa kuti changucho n'cha chiyani.

Ine sindinaonepo vuto. Amuna anga ananditenga ku Mchinji ndili mtsikana wongolekeza sitandade sikisi, ndipo sanandinyozepo chifukwa cha sukulu. Kuvala zakudazo ndinkakuona ngati ntchito yomaliza imene ndikanawagwirira. Ndinagula madiresi ena akuda oti ndizisinthira pochapa.

Ndimagwira ntchito yosamalira okalamba m'nyumba zawo. Nditabwerera ku ntchito, a kuofesi ananditumiza kwa bambo wina wachizungu, mphunzitsi wopuma, wa pachikuku, amene ankakhala yekha kuseri kwa msika. Mwana wake wamkazi ankabwera Lamlungu. Ine ndinkafika m'mawa, kumusambitsa, kumuveka, kumudyetsa, kumupatsa mankhwala, n'kumachoka madzulo.

Tsiku loyamba ndinavala yunifomu yabuluu pamwamba pa diresi. Bamboyo anandiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, n'kufunsa chifukwa chake ndavala zakuda mkati. Ndinamuuza. Anagwira nsalu ya mkono wanga ndi zala ziwiri, n'kunena kuti m'nyumba mwake ndisamavale yunifomuyo, ndizivala zakudazo basi, ndi duku lomwe, pakuti anthu a masiku ano anaiwala kulira maliro. Madzulo ake ndinaimbira alamu anga kuwauza kuti ndapeza mzungu waulemu, wodziwa mwambo. Iwo anati Mulungu saiwala amasiye.

M'chipinda chodyera munalibe malo odyera. Patebulo panali nyumba ziwiri zazing'ono zimene bamboyo anamanga yekha ndi timatabwa topyapyala ndi timitengo ta machesi. Ina inali yaitali, ya khonde lalikulu ndi nsanamira zoyera, ndipo kutsogolo kwake anapaka utoto wa mtsinje. Inayo inali pamsanja, yoyang'ana kunyanja yaikulu. Ntchito yanga inali kuzipukuta fumbi ndi kaburashi kofewa, iye akundiyang'anira kuti ndisathyole zenera.

Nyumbazo zinali za mtsogoleri wina wakale wa ku America. Bamboyo ankandiuza mbiri yake ndikumusambitsa, ndikumumeta, ngakhale ndikumupukuta kuchimbudzi. Anati munthuyo anali msilikali, kenako mlimi wa thonje wokhala ndi akapolo ambiri, kenako mtsogoleri wa chigawo cha kumwera pamene dzikolo linagawikana n'kumenyana lokhalokha. Anagonja. Anamugwira akuthawa, anamutsekera, ndipo munda wa kumtsinje unamuchoka m'manja kwa nthawi yaitali. Atakalamba anakakhala m'nyumba ya kunyanjayo, kumalemba kuti sanalakwe. Bamboyo akafika pamene mtsogoleriyo anavekedwa unyolo kumiyendo, mawu ankamutsamwa, ine n'kumupatsa madzi.

Bambo anga anali tenanti pa esiteti ya fodya, ndiye ndimadziwa kuti pamene pali nyumba ya khonde lalikulu, kuseri kwake kumakhala zisakasa. Tsiku lina ndinafunsa kuti nanga othyola thonje ankagona kuti. Analoza kumbuyo kwa nyumbayo ndi supuni, n'kunena kuti kumeneko, koma sanamangeko kanthu chifukwa tebulo linathera pomwepo. Anawonjeza kuti ndisade nkhawa, akapolo a munthu ameneyo ankadya bwino, ndipo wina akalakwa ankaweruzidwa ndi akapolo anzake, osati mbuyeyo. Ine ndinati chabwino, n'kupitiriza kupukuta.

Mu Juni anandiuza kuti kukubwera alendo. Linali tsiku lobadwa la mtsogoleriyo, ndipo chaka chilichonse anzake a bamboyo okonda mbiri imeneyi ankasonkhana kwa mmodzi wa iwo, kumwa tiyi ndi kudya keke. Mwana wa bamboyo anabweretsa epuloni yoyera yatsopano, yaitali, ya malamba opingasa kumsana, nati ndivale pamwamba pa diresi langa kuti lisade. Ndinathokoza.

Anabwera amuna okalamba angapo ndi mayi mmodzi wa tsitsi lopaka utoto wofiira. Anazungulira tebulo, kuyamikira nsanamira ndi masitepe. Ine ndinkathira tiyi. Kenako bamboyo anaimba kabelu kake, n'kundiuza kuti ndiime pafupi ndi nyumba ya kumtsinje, tiyipoti ili m'manja. Anatulutsa chithunzi chakale chachikulu, chosaoneka bwino. Panali amayi achikuda ataima pakhonde, atavala madiresi akuda, maepuloni oyera ndi maduku. Anakweza chithunzicho pafupi ndi nkhope yanga.

"Taonani," anatero kwa anzakewo. "Sindinachite kumuveka ine. Anabwera ali choncho. Mtsogoleri uja atamwalira, anthu ake analira chonchi. Anthu awa amadziwa kulira mbuye wawo."

Wina wa ndevu anandifunsa kuti kodi ndikulira ndani. Ndisanatsegule pakamwa bamboyo anayankha kuti ndikulira abwana a m'nyumba ya machesiyo, ndipo onse anaseka. Mayi wa tsitsi lofiira anatulutsa foni, nati ndisamwetulire, nditsitse maso pang'ono. Sindinkamwetulira. Bamboyo anayendetsa chikuku chake kudzaima pambali panga n'kuika dzanja lake m'chiuno mwanga kuti tonse tikwane pachithunzi. Tiyipotiyo inali yotentha ndipo panalibe poika, ndiye ndinangoima.

Pamene ndinkatsuka makapu kukhitchini, mwana wake anadzandisisita paphewa n'kunena kuti bambo ake sanasangalalepo chonchi chifereni amayi ake. Anandikulungira keke yotsala.

Kuyambira tsikulo epuloni inakhala ya tsiku lililonse. Ndikalowa m'mawa bamboyo ankafunsa ngati ndagona bwino kuzisakasa. Akafuna madzi sankanditchulanso dzina, ankangoimba belu. Zimenezo ndikanapirira, pakuti okalamba amanena zambiri, ndipo ena anandimenyapo ndi ndodo. Chimene chinandivuta n'chakuti m'mawa ndikamamanga duku pagalasi sindinkaonanso amuna anga. Kale ndikamamanga ndinkawakumbukira akupukuta nsapato zawo pakhomo. Tsopano ndinkaona amayi a pakhonde aja, maso ali pansi. Ndinkavalira amuna anga m'basi, koma ndikangolowa pakhomopo zovala zomwezo zinkakhala za munthu wina amene anafa kalekale, wogula ndi kugulitsa anthu.

Ndinapempha a kuofesi kuti andisinthe nyumba. Mtsikana wa pafoni anafunsa ngati bamboyo anandimenya kapena kunditukwana. Ndinati ayi, koma amandiimika pafupi ndi nyumba ya machesi. Anati banjalo limandikonda kwambiri, ndipo antchito ndi ochepa, ndidikire. Chingerezi changa sichinakwane kufotokoza zotsalazo.

Ndiye Lamlungu lina titaweruka kutchalitchi ndinatengera alamu anga pambali, kuseri kwa tebulo la mandasi. Ndinawafotokozera zonse, za chithunzi, za belu, za dzanja. Ndinapempha kuti mwina amayi andivule msanga, kapena andilole ndizivala yunifomu yokha ndikakhala m'nyumba imeneyo.

"Mlamu, achimwene anga dothi silinaume n'komwe," anatero. "Mzungu wokalamba akuseweretsani, ndiye mukuti tiphwanye mwambo? Ife timawapukuta matako tsiku ndi tsiku, akutitchula mayina onse, koma sitinavule kanthu. Pirirani. Kapena pali wina akukufulumizani?"

Ndinati palibe. Anabwerera kukagawa tiyi.

Ndinapirira mpaka Disembala. Mwezi umenewo ndi umene mtsogoleriyo anamwalira, ndipo bamboyo anaitananso anzake aja. Ulendo uno anakonza zambiri. Anagula makandulo ndi nsalu yakuda yokuta pakhonde la nyumba ya kunyanja. Anati iye adzawerenga za imfa ya mtsogoleriyo, ndipo akamaliza ine ndidzagwade pambali pa tebulo n'kuimba nyimbo ya maliro ya kwathu, iliyonse, bola ikhale yachisoni. Anali atandimvapo ndikung'ung'udza potsuka mbale. Nyimbo imene anamvayo ndi imene tinaimba potsitsa bokosi la amuna anga.

M'mawa wa tsikulo ndinachoka kunyumba nditavala zakuda monga mwa masiku onse. Nditafika ndinalowa kubafa ya pansi, ndinavula diresi ndi duku, n'kuzipinda bwinobwino m'chikwama. Ndinavala yunifomu yabuluu ndi thalauzi lake. Kumutu kunalibe kanthu. Ndinamva mphepo m'makutu koyamba chichokereni kumanda.

Bamboyo atandiona anafiira nkhope yonse. Anati ndamuwonongera tsiku, ndine wosayamika, iye anandipatsa ulemu umene anthu ngati ine sapatsidwa. Ndinamusambitsa akukalipa, ndinamuveka tayi yake. Ndikumupatsa phala anakankha mbale, phala lonse n'kukhuthukira pachikwama changa chimene chinali chotsegula pampando. Sindikudziwa ngati anachita dala. Alendo asanafike mwana wake anali ataimbira kale kuofesi, ndipo anandiuza pakhomo, mwaulemu ndithu, kuti ndisadzabwerenso.

Diresi ndi duku zinali phala lokhalokha. Juzi lakuda ndinalisiya kunyumba chifukwa tsikulo ndinavala jasi la mwana wanga, lobiriwira. Choncho ndinadutsa pakati pa msika masana, pa tsiku la msika, mutu uli pamtunda, jasi lobiriwira, thalauzi labuluu. Pa benchi la nsomba ndinakumana ndi mayi wina wa kutchalitchi kwathu, namwino wa pachipatala chija cha ku Romford. Anandipatsa moni bwinobwino, koma maso ake anali pamutu panga.

Nditafika kunyumba ndinavala diresi lina lakuda n'kumanga duku lina. Zonsezi zinali za maola ochepa. Koma lisanalowe dzuwa foni inalira. Alamu anga sanafunse kanthu. Anati amva, ndipo anali akudziwa kale. Anati chithunzi chija cha mu Juni anachiona kalekale, pakuti mayi wa tsitsi lofiira anachiika pa intaneti ndipo wina anawatumizira, koma anakhala chete pofuna kuona pothera pake.

"Dzanja la mwamuna m'chiuno, inu phee, mwavala zakuda za achimwene anga. Lero mwavula kumene. Ndiye mzungu wanu uja waulemu ameneyu?"

Ndinati ndinawauza za dzanjalo ndekha, kuseri kwa tebulo la mandasi. Anati inde, munthu akafuna kubisa chinthu amayamba wachinena yekha.

Nkhaniyo inafika ku Mchinji sabata lisanathe. Apongozi anga, amene ankandiimbira Loweruka lililonse, anasiya. Kutchalitchi amayi ankandipatsa moni ndi nsonga za zala. Ana anga anati ndingozisiya, izi n'zachikale, ndivale zimene ndikufuna. Anatero m'Chingerezi, ndipo ankafuna kundithandiza, koma sanamve chimene ndinkataya.

Ndinavalabe zakuda mpaka Febuluwale. A kuofesi ananditumiza kwa mayi wina wosaona, amene sanafunsepo za zovala zanga. Chaka chitakwana ndinauza alamu anga pafoni kuti Loweruka ndikhala ndikudikira. Sanayankhe kuti inde kapena ayi. Ndinapita ku Peckham kukagula nkhuku zolimba ndi chigwada, ndinaphika mpunga wambiri, ndinabwereka mipando kwa aneba. Chitenje chatsopano choti adzandiveke ndinachisita n'kuchiyala pabedi.

Ndinakhala pampando kuyambira m'mawa. Mwana wanga wamkazi ankasuzumira pazenera basi ikaima. Chakumasana anatenthetsanso ndiwo. Chakumadzulo anayamba kubweza mipando kwa aneba, osandiyang'ana. Palibe anabwera, ngakhale mmodzi.

Mawa lake ndinamva kuti amayiwo anasonkhana ndithu Lowerukalo, koma kwa alamu anga ku Tottenham. Anapempherera mzimu wa amuna anga, anadya, anatumiza zithunzi kumudzi. Wina atafunsa za ine, alamu anga anati palibe chovula munthu amene anavula kale.

Lolemba ndinali ndi ntchito ya m'mawa kwa mayi wosaona uja. Ndinadzuka, ndinasamba, n'kuima kutsogolo kwa kabati. Mwana wanga anabwera kumbuyo kwanga nati andimasule dukulo iyeyo, popeza nayenso ndi magazi a bambo ake. Ndinamuuza kuti mwana savula mayi ake zakuda, zimenezo si zake. Anati ndiye andivula ndani. Basi inali pafupi kufika, ndiye ndinatenga diresi lakuda lochapa n'kuvala.