Ku Petauke anati ndine wa ku Nyimba

Chaka chimene boma linaitana anthu ku mayeso a nchito ya ukalaliki, ine ndinali pa malile penipeni a zaka zimene amalola. Kuphonya chaka chimenecho kunali kuphonyelatu. Mkazi wanga anali atayamba kale kundisitila malaya ngati munthu wa mu ofesi.

Lamulo limene linandidya linali lalifupi: munthu alembetse m'boma limene akhala. Ndinaseka nditalimva. Ndakhala kufupi ndi Minga, m'boma la Petauke, chibadwile, ndipo ngakhale agalu a midzi yonseyo amandipatsa moni. N'zoona izi, ena amachita kugwada.

Ku Petauke ndinapeza mzele wautali kotelo kuti munthu wothela anali akali kwawo, akusamba. Nditafika pa tebulo, amai olandila mapepala anatembenuza chitupa changa.

"Bambo, ichi munatengela ku Nyimba."

"Inde amai. Ndinali kwa azakhali, kuwathandiza kugulitsa nthochi pa msewu, olemba zitupa n'kutipeza komweko. Koma ndikhala ku Minga."

"Ise tiona kumene chitupa chinatulukila. Pitani kwanu ku Nyimba."

"Kwathu n'kuno, amai."

"Manje mufuna nikangane na chitupa?"

M'mawa mwake ndinakwela minibasi ya ku Nyimba. Tinapanikizana kotelo kuti mwendo umene ndinaukanda njila yonse sunali wanga. Mwini wake anandithokoza potsika. Ngati ndikunama, ndife lelo lomwe.

Ku Nyimba kunali bambo wina wa mandala, waulemu ndithu. Anandipatsa ndi mpando womwe.

"Mugona kuti, bambo?"

"Ku Minga."

"Ndiye kuti ndinu wa Petauke. Lamulo likuti kumene munthu akhala. Chitupa sichikhala, chimangoyenda m'thumba."

"Koma ku Petauke akuti..."

"Akulakwa a ku Petauke. Kawauzeni."

"Ndikawauze ine?"

"Nanga ndani? Ine nili pa nchito."

Ndikali pomwepo, analandila mapepala a mnyamata wochoka ku Lusaka, amene anali atagona kwa amalume ake ku Nyimba komweko dzana ndi dzulo basi. Nsapato zake zinali zisanalawe fumbi lathu. Nditabwelela ku Petauke ndinaona akulandila wina amene chitupa anatengeladi kumeneko, koma anachoka kalekale, mpaka anandifunsa ine njila ya ku msika. Sindiwada anyamatawo. Anatsata lamulo, aliyense mwa mawelengedwe a ofesi yake. Ine ndekha, amene sindinachokepo, ndinalibe kwathu.

Ndinayenda msewu umenewo mpaka azimai ogulitsa nthochi analeka kubwela pa zenela langa, nayamba kundifunsa za ana. Anzanga anandilangiza kuti ndingonena kuti ndigona kwa azakhali. Koma azakhali anali atamwalila, nyumba yao itagwa, ndipo bambo wa mandala uja anali kundidziwa ngakhale ndi khosomolo. Ndikangolowa ankati, "A ku Minga, mwadzuka bwanji?"

Potsiliza ndinaonana ndi bwana wamkulu wa ku Petauke. Anandimvetsela bwino, mpaka anavula wotchi naiika pa tebulo. Anavomela kuti lamulo limodzi siliyenela kukhala ndi nkhope ziwili, ndipo kuti adzafunsa akuluakulu ku Chipata. Anafunsadi. Funsolo linapita wapansi, n'kubwelanso wapansi, likupumula pa mudzi uliwonse.

Tsiku la mayeso ndinali ku dimba, kuthilila matimati. Ndinathila madzi ambili, mwina kuposa amene anafunika.

Yankho linafika mvula itayamba. Linali labwino, ndinene zoona: munthu alembetse kumene agona kapena kumene anatengela chitupa, asankhe yekha, ndipo ofesi isamubweze. Sindinaonepo chilungamo choyela chotelo. Ndinapita ku Petauke kukachiona ndi maso anga pa khoma pamene anachimata, ngati munthu wopita kukaona manda a m'bale wake.

Amai aja anandizindikila.

"Mwaona, bambo? Takonza. Chaka chamawa mubwele, palibe amene adzakuvutani."

Ndinawauza zaka zanga. Anayang'ana chitupa, nayang'ana ine, nagwila pakamwa.

"Ha! Koma simuoneka."

Ndinathokoza, n'kukafuna minibasi. Mpaka lelo, mau amenewo ndiwo chinthu chokha chimene boma linandipatsako, ndipo ndimawasamala.