Kadontho ka Ota

Ota Kiyoharu ndinagwira naye ntchito zaka makumi awiri ndi zinayi pa kampani yopanga mafilimu ku Kyoto, m'dziko la Japan. Ine ndinali wa magetsi, iye woyang'anira zinthu zimene anthu amazikumbukira zikalakwika basi. Mpunga wa masana ukachedwa, Ota. Hatchi ikakana kuthamanga, Ota. Mlimi akaliza thirakitala ife tikujambula nkhondo ya malupanga ya makedzana, wothamanga m'matope kukawerama ndi kupepesa anali yemweyo. Ankadya chiimirire, tonse titatha.

Dzina lake silinkatuluka pa filimu. Amayi ake, kumudzi ku Tamba, ankatsalira m'holo filimu ikatha kuwerenga mayina a oipanga mpaka lomaliza, kenako n'kumulembera kalata: "Mwanawe, kodi umagwiradi kumeneko?"

Chaka chimene anamukweza kukhala mkulu wa filimu yonse, maso a mayiwo anali akuzima. Dokotala anati kwatsala miyezi yochepa kuti asiyiretu kuona. Ota anatithamangitsa ngati abulu kuti filimu ituluke akuonabe.

"Utipha iwe!" ndinamukalipira.

"Udzafe mawa, achimwene. Lero yatsa nyalizo."

Masiku amenewo mayina ankalembedwa pamanja ndi burashi. M'kalembedwe ka Chijapani, chilembo choyamba cha dzina la Ota chili ndi kadontho m'munsi. Kakakwera paphewa, chilembocho chimasanduka "galu", dzina n'kukhala Inuta. Wolemba mayina anakakweza molakwitsa. Ota anafufuza mayina a anthu makumi asanu ndi anayi limodzilimodzi, koma lake anachita manyazi kuliyang'ana. Tinazindikira filimu itatumizidwa kale m'maholo onse. Ine ndinkafuna kum'thyola zala wolembayo, koma Ota anapita kukam'pepesa, akuti anam'fulumizitsa. Zaziii! Mpaka lero zimandipsetsa mtima.

Anakawatengabe amayi pa sitima, ine ndinam'perekeza. Tinakhala mzere wakutsogolo, iwo atavala kimono, mkanjo wawo wa pa maukwati. Dzina linatuluka lokha, lalikulu ngati chitseko. Mayi anaweramira kutsogolo, milomo ikuyenda pang'onopang'ono. Ota anangoti zyoli.

Titatuluka, amayi anamukonza Ota kolala ya jekete.

"Bambo Inuta aja apanga filimu yabwino," anatero. "Uziwamvera. Usataye mtima, Kiyoharu, nawenso tsiku lako lidzafika."

Ndinamugunda Ota ndi chigongono kuti anene zoona. Iye anangowerama.

"Ndiyesetsa, amayi."

Titawakweza sitima ndinamutukwana Ota ndithu, anthu akutiyang'ana. Anandisiya nditope kaye, ndiye anati, "Ndiwauze kuti adikira zaka zonsezi kuti aone mwana wawo akutchedwa galu?"

Ndinamumvera chisoni kwambiri.

Ota anapanganso mafilimu khumi ndi asanu ndi awiri asanapume pa ntchito. Yotsatira yake inatuluka patangopita miyezi isanu ndi itatu, dzina lili bwinobwino. Nthawi imeneyo mayi aja sankathanso kuona ngakhale dzanja lawo.