Masitepe a Apongozi Opanda Chogwirira

Apongozi aamuna a mtsikana wina ndi munthu wotchuka pa zojambula mapulani a nyumba. Chipatala chachikulu m'tauni anajambula ndi iwo, khoti ndi iwo, banki ziwiri ndi iwo. Anayambira pansi, kukopera mapulani a anzawo mu ofesi ya eni, ndipo mpaka lero pensulo sichoka kukhutu. Amisiri amangowatchula kuti a Pensulo.

Chinawatchukitsa ndi kachitidwe kawo. Nyumba asanaipereke kwa eni ake, ankayamba aiyesa okha. Kuchipatala anagona pamachira, anamwino n'kumawakankha m'makonde monse, ndipo atadzuka anasinthitsa magetsi poti ankathobwa odwala m'maso. Kukhoti anaima m'kabokosi ka woimbidwa mlandu ola lathunthu, mpaka anayamba kudzikayikira.

Koma nyumba yawoyawo anaimanga moonetsa luso. Masitepe okwerera m'mwamba anali matabwa khumi ndi asanu ongotuluka kukhoma, opanda chogwirira, pansi pake simenti yokhayokha.

Mtsikanayo ndi mwamuna wake anapatsidwa chipinda cham'mwambamo. Mwana wawo atayamba kukwawa, mtima wa mayi sunakhalenso m'malo. Ngakhale posamba, khutu linkakhala kumasitepe. Tsiku lina anapempha mwamuna wake kuti akauze bambo ake aikepo chogwirira.

"Ukufuna ndikauze bambo kuti analakwitsa?" anatero mwamuna wake. "Masitepe aja anatuluka m'magazini."

"Mwana wanunso atuluka m'nyuzipepala, akagwa."

Mwamunayo anangotenga chikwama, ulendo kuntchito. Mtsikanayo anapereka tiyi kwa apongozi ake aamuna.

"Bambo, ndimamva kuti nyumba mumaiyesa nokha."

"Zonse, mayi. Palibe imene ndinaidumpha."

"Inoyi munaiyesa choimirira. Pano muli munthu woyenda ndi maondo."

A Pensulo anaika kapu pansi. Kenaka anavula jekete, anakwera m'mwamba, n'kugwada pakhomo la chipinda, munthu wa zaka makumi asanu ndi awiri. Anayamba kukwawa. Mwana poona kuti wapeza mnzake anawalondola pambuyo, mayi ake atamugwira kamwendo. A Pensulo atafika pamasitepe anasuzumira pansi, n'kuona simenti ili patali.

Apongozi aakazi anatulukira pabalaza, n'kuyang'ana m'mwamba.

"Mwagwa, kapena mukupemphera?"

"Ndili pantchito. Tabwera undidzutse."

"Ine zaka makumi awiri ndikudandaula za masitepe amenewa, simunagwadepo."

Anawadzutsa anthu awiri, wina dzanja ili, wina dzanja ilo. Asanapume n'komwe anaitanitsa tepi n'kuyeza mutu wa mwana, kuti adziwe mpata wa pakati pa zitsulo za chogwirira.

"Mutu uwu sungalowe paliponse," anatero akulemba.

"Ndi wakuchimuna," anayankha akazi awo.

Wowotcherera zitsulo atabwera anati amaliza tsiku lomwelo. A Pensulo anakana, ati chinthu chopanda pulani sichilowa m'nyumba mwawo, ndipo pulaniyo itenga masiku atatu. Mtsikanayo anafunsa msanga.

"Nanga masiku atatuwo, bambo, mwana akhala kuti?"

"Pansi pano. M'chipinda changa chojambuliramo."

M'chipinda chimenecho ngakhale tsache silinkalowa. Anasunthiramo matiresi, ndipo masana amenewo mtsikanayo anagona tulo tofa nato, koyamba pa milungu itatu. Podzuka anapeza mwana akutafuna ngodya ya pulani ya hotela ina, agogo ake akungomuonerera.

"Musiyeni, mayi," ananong'ona. "Mbali imeneyo sinkandisangalatsa kale."