Apongozi Anga ndi Nyumba ya Wotchi

Apongozi anga anawerenga mamita a madzi kwa zaka 28. M'tauni muno ndi ochepa amene amadziwa dzina lawo lenileni. Aliyense amangoti a Mamita, ndipo agalu amene anawaluma, akanakhala olankhula, bwenzi akuwatchulanso choncho. Ankalawira m'mawa ndi kabuku, cholembera chomangirira kachingwe, ndi kachitsulo kokhota kotsegulira zivundikiro. Anzawo ena ankakhala pamthunzi n'kumalemba manambala a m'mutu, koma iwo ayi. Geti akalipeza lokiya ankabweranso mawa lake, likakhala lokiyabe ankabweranso mkuja. Lamulo lawo linali limodzi: mita imene sunaione ndi maso ako usailembe.

Kenako kampani inabweretsa mamita atsopano osafuna munthu wowawerenga, ndipo a Mamita anauzidwa kuti akapume. Bondo nalo linali litayamba kale kuvuta. Apongozi aakazi atatisiya, akazi anga anati bambo asakhale okha, abwere kwathu. Tinawapatsa chipinda chakumbuyo choyang'anizana ndi mpanda. Munthu amene ankazungulira tauni yonse wapansi anayamba kuyenda ulendo umodzi wokha, kuchoka pabedi kupita pakhonde.

Mlandu wa gemu imene inabwera pambuyo pake ndi wanga, sindikana. Ine ndimawotcherera zitsulo, mageti ndi mawindo, ndipo pa nthawi yopuma masana ndimasewera gemu ya mfuti pafoni ndi mnzanga wopenta amene timagwira naye ntchito. Gemu yake ndi yosavuta kuimva. Anthu 100 a m'mayiko osiyanasiyana amaponyedwa ndi ndege pa chilumba, aliyense amatola mfuti, utsi wakupha umabwera kuchokera m'mphepete n'kumakukankhirani nonse pakati, ndipo wotsala yekha, kapena timu yotsala yokha, ndiye wapambana.

Lamlungu lina ndikusewera pakhonde, apongozi anakokera mpando wawo pafupi, n'kuvala magalasi.

"Akamwini, nyumba zili mmenemozo zimaloweka?"

"Zimaloweka, bambo."

"Zonse?"

"Zonse."

"Nanga inu mukungozidutsa bwanji?"

Ndikanakhala wanzeru ndikanangoseka. Koma ndinawamvera chisoni, ndinawaikira gemuyo pafoni yawo, n'kuwaonetsa poyendetsera munthu ndi powombera. Powomberapo sanapayang'ane kawiri. Patatha masiku atatu anandiitana, atapeza tsamba limene ine ndinali ndisanalitsegulepo, la mabaji amene gemu imapereka. Ambiri ndi a kupha: wapha khumi, wapha ndi mfuti yakuti, wapha uli patali. Koma pansi penipeni panali baji ina yobiriwira, ya munthu amene wafika malo onse 60 a pachilumbacho nyengo isanathe. Nyengo ya gemu ndi miyezi itatu. Ikatha, eni ake amachotsa chilumbacho n'kuikapo china, ndipo baji ija imapita nacho.

"Iyi ndiye ntchito," anatero apongozi. Tsiku lomwelo anatuma akazi anga kukawagulira kope.

Kuyambira pamenepo mtendere wanga unatha. Anapempha kuti azisewera mu timu yathu, ndipo ndani angawakanize apongozi ake? Ife tikudumpha ndege kuthamangira kumene kuli mfuti, iwo ankatera kutali kwawokwawo, kumene kulibe ngakhale chipolopolo chimodzi. Sankathamanga, ankayenda. Akalowa m'nyumba ankatseka chitseko, akatuluka ankatsekanso, ati munthu woleredwa bwino sasiya nyumba ya eni ili pululu. Gemu ikalemba kuti malo awa mwafika, ankaika foni pamwendo, kutenga kope, n'kulemba: doko la asodzi, nyumba zisanu ndi ziwiri, imodzi denga linagwa, kumbuyo kuli thanki. Akulemba choncho munthu wawo ali chilili pabwalo ngati mtengo wa magetsi, wina kaya wa dziko liti n'kubwera kudzawathudzula.

Chimene chinkandipweteka kwambiri n'chakuti mnzako wamba umamukalipira. Umangoti "Gona pansi iwe!" basi, wapulumuka. Nanga apongozi? Ine ndinkayamba bwinobwino: "Bambo, pepani, mwina mukanati mubisaleko pang'ono kuseri kwa khomalo, chifukwa zikuoneka ngati kumanzere kwanuko..." Pomwe ndimafika pa "kumanzere" n'kuti atafa kale. Ndikathamanga kukawadzutsa, poti gemu imalola kudzutsa mnzako wa mu timu akagwa, nanenso ndinkafera pomwepo. Mnzanga wopenta anapirira milungu iwiri, kenako anandiuza ku ntchito kuti, "Aise, iwe unakwatira kumeneko, ine ayi," n'kukalowa timu ina. Dzina langa, limene linali litakwera bwino pa mndandanda wa osewera, linatsika mpaka ndinasiya kuliyang'ana.

Komabe ndinene zoona, munthu anasintha. Anayamba kudzuka m'mawa, kusamba, kuvala shati ya kolala, n'kukhala pakhonde nthawi yeniyeni imene kale ankayambira ntchito. Chilumbacho anachigawa m'zigawo, Lolemba kumpoto, Lachiwiri kumadambo, ndipo sankadumpha malo ngakhale atakhala pafupi bwanji ndi ena. Ankadziwa mlatho umene uli ndi bowo, ndi phanga limene ine, wosewera tsiku ndi tsiku, sindinkadziwa kuti liliko. Ndikawauza kuti afulumireko utsi ukubwera, ankangoti, "Kuthamanga sikufika, akamwini."

Kutatsala milungu iwiri kuti nyengo ithe, anali atafika malo 59. Otsalawo anali chipinda chapamwamba pa nyumba ya wotchi, pakati penipeni pa chilumba. Nyumba imeneyo ndi yosanja kanayi, masitepe ake ndi opapatiza, ndipo mfuti zabwino zonse zimapezeka mmenemo. Aliyense wodzimva kuti ndi katswiri amatera pamenepo. Ndi malo oti umalowa ukuthamanga, ukuwombera, osaphethira.

Apongozi akafika pageti la nyumbayo ankaima. Ankaima ndithu, kuyang'ana kumanja, kuyang'ana kumanzere, kudikira pang'ono.

"Bambo, mukuimiranji?"

"Geti lachilendo salowa mothamanga. Umayamba waona ngati kuli galu."

"Mu gemu muno mulibe agalu, bambo."

"Onse amene anandilumitsa ankanena zomwezo."

Anafera pagetipo kakhumi. Kenako anayamba kufera pabwalo, kenako pa sitepe yoyamba. Tsiku limene anafika pa nsanjika yachiwiri anasangalala ngati wapambana, koma mawa lake anabwereranso kumafera pageti. Zala zawo ndi zonenepa, zozolowera chitsulo, moti akafuna kudumpha ankadina pogwadira. Imfa iliyonse ankailemba kumapeto kwa kope, ndipo pofika Lachinayi la mlungu womaliza zinali 46. Ine mutu unkandiwawa ndi ulemu. Mawu amene ndinameza milungu imeneyo akanakhala chakudya, bwenzi nditanenepa.

"Bambo, tandipatsani foniyo mphindi zisanu zokha, ndikukwezereni."

Anandiyang'ana pamwamba pa magalasi. "Ndiye wafikako akhala ndani, inu kapena ine?"

"Dzina likhala lanu."

"Dzina silikwera masitepe."

Ndinatuluka panja n'kukamenya ndowa theche, ndowa yosalakwa.

Madzulo ake akazi anga anandipeza ndikusamba m'manja. Anati bambo sakudya bwino, akungokankha mbale, ndipo akawayankhula akuyankha mokalipa, zimene sanachitepo chibadwire. Loweruka bambowo anali ndi tsiku lokayezetsa kuthamanga kwa magazi kuchipatala, ndipo akazi angawo ankaopa zimene adokotala akanene.

"Munawayambitsa ndinu zimenezi," anatero. "Lamlungu likafika asanakwere kanyumba kawoko, mudziwe chochita. Ine sindikufuna kuwaonanso atangokhala duu kuyang'ana mpanda."

Loweruka m'mawa magetsi anali atangoyaka kumene, ndipo foni ya apongozi inali itatheratu moto. Anaisiya patchaja m'chipinda chochezera, n'kunyamuka ndi akazi anga kupita kuchipatala. Ine ndinatsala ndekha ndi foniyo. Ndinaidutsa kawiri. Kachitatu ndinakhala pansi. Ndinadziuza kuti ndikuthandiza munthu wodwala, kuti akapeza baji ilipo adzakwiya pang'ono kenako n'kuseka, kuti mawa ndi tsiku lomaliza ndipo ndi zala zimenezo sadzakwera ngakhale atawapatsa chaka. Zonsezo zinali zoona. Koma chinanso choona n'chakuti zinali zitandikwana, ndinkafuna gemu yanga ibwerere mwakale.

Ulendo woyamba ndinafera pa nsanjika yachitatu. Wachiwiri ndinatera padenga la nyumba yoyandikana, kutola mfuti, kugwetsa awiri pakhomo, n'kukwera masitepe onse osapuma. Phazi litangoponda m'chipinda chapamwamba, foni inalira kanyimbo, baji yobiriwira n'kutulukira: malo 60 mwa 60. Wina anandiwombera kumsana nthawi yomweyo, koma ndinalibe nazo ntchito. Zonse zinatenga mphindi zisanu ndi ziwiri. Ndinabwezera foni patchaja, mtima uli mbee.

Anabwera masana. Adokotala anati magazi akwera pang'ono chabe, achepetse mchere. Apongozi anavula nsapato, kutenga foni ndi kope, n'kupita pakhonde. Ine ndinali m'nyumba, khutu lili panja. Ndinkadikira kuseka kapena kukalipa. M'malo mwake anandiitana, mawu ali otsika.

"Akamwini, izi zachitika bwanji?"

Ndinaganiza zonama kuti mwina gemu yasokonekera, koma pakamwa panakana. "Ndine, bambo. Ndimafuna ndikuthandizeni."

"Zimafufutika?"

"Sizifufutika."

"Ngakhale titawalembera eni ake?"

"Sangayankhe, bambo. Ndiponso nyengo ikutha mawa."

Anagwedeza mutu pang'onopang'ono. Sanandinyoze. Akanandinyoza bwenzi zili bwino, chifukwa ndikanapeza poyambira kudziteteza. Anangotsegula kope, kuyang'ana mzere wa nambala 60 umene anali ataulemba kale n'kuusiya wopanda kanthu, kenako n'kutseka. Tsiku limenelo sanaseweranso. Akazi anga, amene anandiuza kuti ndidziwe chochita, anandiyang'ana ngati ndaba m'tchalitchi.

Lamlungu chilumba chinali choti chichotsedwa 4 koloko masana. Cha m'ma 3 koloko ndinawapeza pakhonde atavala shati ya kolala.

"Bambo, baji muli nayo kale."

"Baji ili ndi foni. Ine sindinafike. Mukhala pansi kapena muima?"

Ndinakhala pansi. Sindinasewerepo ngati tsiku limenelo. Ndinkatera patsogolo pawo, kuwatsegulira njira, kuima pakati pa iwo ndi zipolopolo. Ulemu ndinauika pambali. Ndinkakuwa, "Thamangani! Kumanja! Osaima pageti!" mpaka aneba anasuzumira pampanda. Nawonso anayesetsa, thukuta lili kamukamu, magalasi akutsetsereka pamphuno. Pageti sanaimenso. Tinafa kasanu ndi kamodzi. Ulendo wachisanu ndi chiwiri tinafika pa nsanjika yachitatu, ine ndinagwa, iwo n'kupitirira okha. Ndinkaona pafoni yawo masitepe omaliza, ndi kuwala kochokera pakhomo la chipinda chapamwamba. Panatsala masitepe mwina asanu. Panali bokosi lotchinga njira, lofunika kulidumpha. Chala chinadina pogwadira. Munthu wawo anagwada bwinobwino kuseri kwa bokosilo, ndipo wina wochokera pansi anawamaliza.

Tinayesa kulowanso, koma gemu inakana. Inalemba kuti nyengo yatha, tidikire chilumba chatsopano.

Apongozi anaika foni pampando. Anapukuta magalasi ndi m'mphepete mwa shati, nthawi yaitali kuposa mmene magalasi amafunira. Ine ndinkafuna kupepesa, koma mawu onse amene ankabwera anali aang'ono. Kenako anatenga kope, kutsegula pa mzere wopanda kanthu uja, n'kukonzeka ndi cholembera.

"Chabwino, akamwini. Inu munafikako. Ndilemba kuti ndinamva kwa inu." Anakhosomola pang'ono. "Nyumba ija ndi yaitali kuposa zonse. Ndakhala ndikuganiza kuti pamwamba pake munthu ukhoza kuona chilumba chonse, doko, madambo, mlatho uja, konse kumene ndinayenda. Ndiye tandiuzani. Muli mawindo angati? Pawindo pamaoneka chiyani?"

Ndinatsegula pakamwa. Ndinafufuza m'mutu monse, ndipo chimene ndinapezamo chinali kanyimbo kaja ndi baji yobiriwira basi. Kaya munali mawindo, kaya munalibe, kaya khoma linali la mtundu wanji.

"Sindinayang'ane, bambo."

Anadikirabe, cholembera chili m'mwamba, ngati mwina ndikumbukira.

"Ngakhale pang'ono?"

"Ngakhale pang'ono."