Msana Wanga mu Filimu ya Mjeremani

Loweruka lililonse ndimagulitsa katundu wakale pamsika wa kaunjika ku Laurel, tauni ya kuno kutsidya kwa nyanja: mipando, mawayilesi, majekete a anthu amene anasamuka. Miyendo imatupa, pakamwa pokha ndi pamene sipatopa. Kumeneko ndi kumene anandipeza mkulu wina wa ku Jeremani, wolemba ndi kukonza mafilimu.

Anali wokalamba, jekete lake lakutha kuposa amene ndimagulitsa. Anandiuza kuti ali mnyamata mafilimu ake ankadzaza maholo kwawo. Kenaka anagwera m'timasewero ta pa TV, kenaka foni yake inangoti zii. Tsopano ankajambula kafilimu ka ife obwera kuchokera kumayiko ena, ali ndi kamera imodzi ndi bondo lopweteka. Ankati n'komaliza.

Atandimva ndikunenerera mtengo ndi mayi wina, anandipatsa gawo: ndiyankhule chiganizo chimodzi, m'Chichewa. Ndinachifuna ndi mtima wonse. Mwana wanga wamkazi ndikamuyankhula m'Chichewa amandiyankha m'Chingerezi, ndiye ndinkafuna adzamve chinenero cha bambo ake chikutuluka pachinsalu chachikulu, azungu ali chete.

Koma ine chimene munthu wayamba kutchula sindilandira. Ndi matenda.

"Chimodzi chokha, bwana? Onjezaniko. Zinayi."

"Ndinalemba chimodzi."

"Tikumane pakati. Ziwiri ndi kaseko."

"Chimodzi."

Ndinachita zimene ndinaphunzira pamsika wa Limbe. Ndinapukusa mutu, n'kutembenuka, n'kuyamba kuchoka pang'onopang'ono. Kwathu wogulitsa amakusiya upite pang'ono, kenaka umamva, "Achimwene, tabwerani tikambirane!" Ndinadutsa wa matayala. Ndinadutsa wa makapeti, khutu lili kumbuyo. Ndinakafika poimika magalimoto, n'kuima ngati wataya makiyi. Palibe anaitana.

Pobwerera ndinapeza mnzanga wa ku Lusaka, wogulitsa machaja a foni, ali kutsogolo kwa kamera akunena chiganizo changa m'Chinyanja chakwawo.

"Mudala, munayenda kuti?" anatero akuseka. "Uyu muzungu sakamba kawiri."

Mjeremaniyo sanakwiye. Anakhala pampando umene ndinkagulitsa, akusisita bondo. "Munakana," anatero. "Moyo wanga wonse ndathamangira anthu amene akuchoka. Ndatopa."

Filimuyo anaionetsa m'kaholo kakang'ono ku Takoma Park, mipando yambiri ili yopanda anthu. Ndinapitabe ndi mwana wanga. Chakumapeto kunaoneka msana wa munthu akuyenda pakati pa matebulo, mapewa ali m'mwamba, phazi lililonse likuzengereza. Panalibe mawu. Mkuluyo sanazimitse kamera tsiku lija.

Mwana wanga anandigunda ndi chigongono, n'kunong'ona m'Chingerezi kuti jekete limenelo ndi langa, nanga ndinkayenderanji choncho ngati wodwala?

"Ndinkadikira kuti andiitane," ndinatero m'Chichewa.

Anamva bwinobwino. Anayang'ananso msana uja mpaka unazimiririka kuseri kwa magalimoto, kenaka anandifunsa, m'Chingerezi, ngati miyendo ikundipweteka.